Mpira wa Yamikani amaonera kuti?

Lamlungu lapitali, titaweruka mapemphero ku Springburn, ndinali kukhitchini ya tchalitchi kutsuka makapu a tiyi pomwe a Kamwendo anandipeza. Dzinali si lawo. Andilola kulemba nkhaniyi bola ndisinthe mayina. Iwowa ndi mkulu wa mpingo, munthu wosaseka chisawawa, amene akangotsokomola makwaya amaleka manong'onong'o. Koma tsiku limenelo anaima pakhomo ngati mlendo, chipewa chili m'manja.

"Mayi a Tadala, inu za mafonizi mumazidziwa. Kodi mpira wa anyamata a kukoleji amaonera kuti?"

Ndinawayang'ana kawiri. A Kamwendo ndi mpira? Awatu ndi omwe aja anaimirira pamsonkhano wa makolo n'kunena kuti mpira ndi ntchito ya anthu olephera sukulu.

"Wa koleji iti, bambo?"

"Ya Yamikani. Ndamva kuti ali m'timu."

Apo ndinatseka mpopi.

Yamikani ndi mwana wawo, mmodzi yekhayo. Anabadwira konkuno ku Glasgow. Atafika zaka khumi ndi zinayi anayamba kuvuta monga amavutira ana a msinkhu umenewo: kujomba Sande sukulu chifukwa cha mpira, kubwera kunyumba mawondo ali matope, kuyankha bambo ake m'Chingerezi chija cha kuno chimene ngakhale Angerezi eni ake sachimva. Sukulu zitatsekera, bambowo anamuuza kuti akonzeke, akupita ku Malawi ku holide kukaona agogo. Anapitadi awiri. Pobwerako anabwera okha. Mwana anamusiya kusukulu yogonera komweko, pasipoti yake ili m'thumba la jekete la bambo ake. Mayi ake anazidziwira pabwalo la ndege, atapita kukachingamira anthu awiri. Banja linathera pomwepo.

Mnyamatayo anabwerako atatha sekondale, mayi ake atalimbana ndi za mapepala. Amakhala ndi mayi akewo. Bambo ake salankhula nawo, ndipo kutchalitchi kwathu sanapondekonso.

"Bwanji osafunsa mayi ake?" ndinatero.

"Ndinafunsa. Akuti mwana ndi wamkulu, akafuna andiuza yekha."

Kenako anandiuza chimene ambiri mumpingo sitinkachidziwa. Matenda a shuga awadya maso. Lamanzere linatha kale. Lamanja madokotala akufuna kulichita opaleshoni mwezi wamawa kuchipatala chachikulu chija cha ku Govan, ndipo sanalonjeze kanthu.

"Sindikufuna kukamusokoneza," anatero. "Ndingomuona akuthamanga, disoli lisanatseke. Koma inu musamuuze za masowa. Ndisaoneke ngati ndikupempha chifundo kwa mwana."

Ndinena zoona, ine a Kamwendo sindinkawakonda kwenikweni. Zimene anachita zija zinandinyansa kuyambira kale. Koma munthu wamkulu akakupempha chipewa chili m'manja, ukana bwanji?

Ndinayamba ndi foni, poganiza kuti ndi ntchito ya mphindi zochepa. Nditalemba zoti ndikufuna poonera mpira wa kukoleji, foni inandibweretsera Amereka yense: zimphona zovala zipewa zachitsulo zikugwetsana polimbirana mpira wooneka ngati papaya, masitediyamu odzaza, makanema olipira mwezi ndi mwezi. Za anyamata a kuno, zii. Patsamba la koleji yawo ndinangopeza zoti timu imasewera Lachitatu masana. Kuti? Sanalembe. Ofuna kudziwa alowe ndi nambala ya wophunzira.

Lachitatu ine sindigwira ntchito, choncho ndinakawatenga pagalimoto. Ndinawapeza ali chile, atavala suti ya mgonero ndi sikafu yabuluu, jumbo ili m'manja. Sindinafunse za m'jumbomo.

Iwo anali ndi nzeru zawo. Anati ku Dennistoun kuli bala ina yokhala ndi makanema khoma lonse, ndipo mnzawo wa kuntchito anawauza kuti mmenemo amaonetsa mpira uliwonse wa padziko lapansi. Taganizani, mkulu wa mpingo wosalawa n'kachaso komwe, kulowa m'bala dzuwa lili pamutu, ine mayi wa chigwirizano ndili pambuyo. Akanationa a kwathu, nkhani ikanafika ku Lilongwe ife tisanatuluke.

Wogulitsa mowa sanayambe ndi moni. Analoza sikafu ija n'kupempha kuti aivule. Mumzinda muno buluu ndi girini si mitundu wamba, ndi ya matimu awiri a mpira odana, ndipo anthu amathyolana mano chifukwa cha iyo. A Kamwendo, amene sadziwa n'komwe kuti timu iti imavala chiyani, anavula mwaulemu ngati alowa m'bwalo la milandu. Titafotokoza chimene tadzera, bamboyo anapukusa mutu. Anati mpira wa makoleji a kuno palibe kanema amene amaonetsa, ndipo oonerera ake amakhala chibwenzi cha goloboyi ndi munthu woyendetsa galu. Ananena moseka, koma ataona nkhope ya a Kamwendo analeka. Anati tikafunse kukoleji komweko.

Kukolejiko tinapeza mayi wolandira alendo, waulemu wake ndithu. Anatimvetsera mpaka kumapeto, kenako anati malamulo samulola kunena ngakhale zoti munthu wa dzina limenelo amaphunzira pamenepo.

"Ndine bambo ake," a Kamwendo anatero m'Chingerezi chawo cha paguwa. Anatulutsa chithunzi m'kachikwama, cha mwana wovala yunifolomu ya pulayimale, mano awiri akutsogolo palibe.

Mayiyo anachiyang'ana, n'kunena kuti mwanayo ndi wokongola. Kenako anawonjezera mawu omwe aja a mayi ake a Yamikani, ngati anapangana: ndi wamkulu, akafuna akuuzani yekha.

Tinabwerera m'galimoto, mvula ikuwaza.

"Kwathu mpira sufunsidwa," iwo anatero. "Umamveka."

Ndipo sananame. Kwathu bwalo la sukulu limakhala kuseri kwa makalasi. Ukamva ng'oma ndi nthungululu, ukaona fumbi ndi ana akuthamangira mbali imodzi, umangotsatira. Palibe amakufunsa kuti ndiwe yani. Kuno koleji ndi nyumba yagalasi pakati pa misewu, ilibe ngakhale kabwalo kosewererapo fulaye. Timu imachita kubwereka mabwalo, lero uku, sabata yamawa uko. Ngati mwana wako sakuuza, ukhoza kuzungulira mzinda wonse mpaka mafuta kutha.

Ndikuti ndilize galimoto tizipita, ndinaona anyamata ovala majuzi ofanana akukwera minibasi, wina atanyamula thumba la mipira. Yamikani sindinamuzindikire pagulupo, koma ndinaganiza kuti mwina amapita payekha. Minibasi itanyamuka ndinaitsatira. Tinadutsa m'tauni, tinawoloka mtsinje, ine ndikuopa kuti maloboti atilekanitsa. Anthu akuluakulu awiri kuzemberera ana a sukulu ngati akuba. Ndinachita manyazi, komanso ndinakwiya, osadziwa kuti ndikukwiyira yani.

Bwalolo linali kufupi ndi Govan, kuseri kwa nyumba zosungiramo katundu. Udzu wake ndi wapulasitiki, ndipo lazunguliridwa ndi waya wautali ngati khola. Wogulitsa mowa uja sanalakwe kwambiri. Oonerera tinawapeza atatu: mtsikana wa ambulera, bambo wa galu, ndi galuyo. Ife tinaima kunja kwa waya, kukona.

Mpira utayamba, a Kamwendo anagwira waya ndi manja onse, nkhope ataigunditsa pomwepo.

"Ndi uti?"

M'timu ya kolejiyo munali anyamata akuda atatu, onse aatali, onse ometa mofanana. Ine Yamikani ndinamuona komaliza ali kamnyamata ka mawu osasweka.

"Bambo, inu simukuona chilichonse?"

"Ndikuona mitundu ikuyendayenda. Nkhope ayi. Yang'anani wothamanga atapendeketsa mutu kumanja. Amamenya ndi mwendo wamanzere. Akaluza mpira amadzimenya pantchafu."

Sindinachedwe kumupeza. Anali wotchinga kumbuyo, wamapewa otambalala, mutu uli pendeke.

"Mumadziwa bwanji zimenezi, inu simunapiteko ku mpira wake?"

"Ndinkamuonera pawindo akamasewera kuseri kwa mafulati. Ndisanamuitane kuti adzalandire chilango."

Mawu amenewo anandilasa. Ndiye kuti bamboyu ankaima kuseri kwa katani, kusangalala ndi mwendo wamanzere wa mwana wake, kenako n'kutsegula windo ndi kukuwa.

Basi, ndinasanduka woulutsa mpira pawailesi, ine wosadziwa n'komwe malamulo ake. Walanda. Wapatsira mnzake. Walumpha, wauchotsa ndi mutu. Wagwa, wadzuka. A Kamwendo ankatsatira ndi diso lawo limodzilo kulikonse kumene chala changa chaloza, nthawi zina mochedwa, mwana atachokapo kale. Kamodzi anaomba m'manja mnyamata wina atamenya mpira, ine sindinawauze kuti si iyeyo.

Koma Yamikani anatiwona. Suti yakuda pampira wa Lachitatu siibisika. Nthawi yopumulira itakwana, anzake akumwa madzi, iye anayenda pang'onopang'ono kubwera kukona kwathu. Anaima mkati mwa waya, ife kunja. Ndinkayembekeza Chingerezi chija chaukali. Ayi ndithu. Anaika manja kumbuyo, n'kuweramitsa mutu pang'ono.

"Mwaswera bwanji, bambo? Mwaswera bwanji, anti?"

Chichewa chosalala, choposa cha ana athu onse a mumpingo. Ulemu wake wosasowa kanthu. Koma munalibe kutentha ngakhale pang'ono, ngati moni wopereka kwa ahedi.

"Taswera, mwanawe. Wakula," bambowo anatero. Anayesa kulowetsa zala pawaya, koma mnyamatayo sanasunthe. Ndiye anatukula jumbo ija. "Ndakutengera katundu wako."

Pawaya sipakanadutsa kanthu, choncho ine ndinaiponya pamwamba. Yamikani anaiwakha n'kusuzumira. Munali nsapato za mpira, zofiira, zopukutidwa bwino. Zinali zomwe zija bambo ake anamulanda asananyamuke ulendo wa ku holide uja, n'kumuuza kuti azitaya. Zaka zonsezi zinali pamwamba pa wadilopu.

"Zikomo," anatero. "Sizingandikwane."

"Tigula zina. Ungonena sayizi."

"Ndili nazo."

Mvula inali ikuwonjezera. Ine ndinkapemphera chamumtima kuti bamboyu atulutse liwu limodzi lokha, lalifupi, limene mwana aliyense wa mkaka amalidziwa. Ndinawatsina ndi pachigongono pomwe.

"Bambo," Yamikani anatero, mawu ali pansi, "tsiku lija pageti la sukulu munati mukukagula mayunitsi, ndikudikireni pomwepo. Ndinadikira mpaka mlonda anachita kundikoka. Mawa lake ndinabwereranso. Week yonse ndinkabwerera."

A Kamwendo anagwiranso waya.

"Ndinkafuna ukhale munthu."

"Ndakhala."

Wezulo inalira. Mnyamatayo anaika jumbo ija pansi, m'mbali mwa waya, mosamala ndithu, n'kutembenuka.

"Nanga sabata yamawa mukusewera kuti?" bambowo anafunsa msana wake.

Anaima pang'ono, osacheuka.

"Ndikuuzani."

Chigawo chachiwiri ndinaulutsanso, koma sindikukhulupirira kuti ankandimva. Timu ya Yamikani inagonja. Mpira utatha anakwera njinga yake n'kutulukira geti la mbali ina. Nsapato zija zinatsala pomwe anaziika.

Tsono abale anga, tiyeni tikambe, poti nkhaniyi si ya a Kamwendo okha.

Ndi nyumba zingati za Amalawi mumzinda muno momwe mwana akalakwa amauzidwa kuti, "Ndikutumiza ku Malawi"? Ine ndamva mawu amenewa m'makhitchini, m'magalimoto, ngakhale pakhomo la tchalitchi. Dziko lathu lomwe, limene timaliimbira nyimbo pa zikondwerero titavala zitenje za mbendera, talisandutsa chikwapu. Kenako timadabwa kuti ana athu safuna kumva za kumudzi. Angakonde bwanji malo amene amawaopsezera?

Mantha a makolo ndikuwadziwa, inenso ndili ndi ana. Kuno kuli mipeni, kuli mankhwala ozunguza bongo, kuli anzawo oipa. Mwana ukamukwezera mawu mawa a boma agogoda pachitseko. Umagwira ntchito usana ndi usiku kusamalira nkhalamba za eni dziko, wako akuleredwa ndi foni. Mmera mpoyamba, timatero, ndipo n'zoona. Alipo ana amene anapita kusukulu za kwathu n'kubwerako ali bwino, akuthokoza. Koma afunseni amenewo: ambiri anakhalitsidwa pansi, anauzidwa zoona, analira, anatsanzikana ndi anzawo, ananyamula okha chikwama.

Chimene ndikudana nacho ine ndi bodza. Holide. Agogo akudwala. Ndikukagula mayunitsi. Munthu amene amaimirira paguwa kuphunzitsa lamulo loletsa umboni wonama, n'kukanamiza mwana wake pageti, dziko lachilendo kwa iye, chinenero sachidziwa, n'kukwera ndege. Mpingo unadziwa. Ena anawayamikira a Kamwendo kuti ndi bambo wolimba, ndipo ena mwa iwo adzawerenga ndimeyi akugwedeza mutu ngati sanali pomwepo.

Walira mvula walira matope. A Kamwendo anafuna mwana wa mwambo, ndipo anamupeza. Amaika manja kumbuyo, amati "bambo", amati "zikomo". Ulemu wonse anaubweretsa, osasiyako. Chimene chinatsala pageti paja ndi chija chimene chimapangitsa mwana kuthamangira kunyumba kukanena kuti, "Adadi, Lachitatu tikusewera, mubwere."

Ndipo pamenepa tisawaloze chala a Kamwendo okha. Ndi angati mwa ife amene tinaimapo m'mbali mwa bwalo, mvula ikutinyowetsa, kuonerera mwana wathu? Abambo a mumpingo mwathu amadziwa nthawi imene matimu akuluakulu a ku Mangalande akusewera, tchanelo chake, ndi amene wavulala bondo. Amakangana za zimenezi mpaka tiyi kuzizira. Afunseni kuti mwana wawo amasewera nambala yanji, muone akuyang'ana akazi awo. Loweruka tili kushifiti, Lamlungu tili kutchalitchi kuyambira m'mawa mpaka madzulo, ndipo mwana akasankha mpira timati wagwidwa ndi mzimu wa dziko. Makolo a anzake amakhala ali pomwepo ndi mafulasiki a khofi. Wathu akagoletsa amayang'ana kumbali, n'kupeza waya.

Ndiye pali liwu lija limene ndinkalidikira pabwalo paja. Abambo a kwathu sapepesa kwa mwana. Amagula nsapato. Amatuma malume, amatuma abusa, amatuma mayi a Tadala ndi galimoto yawo. Amasunga nsapato pamwamba pa wadilopu zaka ndi zaka, kumazipukuta fumbi, koma kuti pakamwa patuluke "pepa", ayi, ufumu ungathe. A Kamwendo analowa m'bala, anavula sikafu polamulidwa ndi wogulitsa mowa, anachonderera mayi wachizungu ndi chithunzi m'manja, anaima pamvula ola lathunthu ndi theka. Zonsezo anakwanitsa. Liwu limodzi linawakanika.

Pobwerera m'galimoto ndinawafunsa, mosabisa mkwiyo wanga.

"Bambo, bwanji simunangopepesa?"

"Iye waona yekha kuti ndabwera."

"Kubwera si kupepesa."

Titafika pakhomo pawo ku Springburn, sanatsike msanga. Anatulutsa foni n'kundipatsa.

"Wanena kuti andiuza. Tandikuzirani zilembozi, uthenga ukabwera ndithe kuwerenga ndekha."

Ndinazikuza mpaka pomalizira, moti liwu limodzi limadzaza galasi lonse. Ndinakwezanso kulira kwake.

Kodi mnyamatayo ananena zoona, kapena anangobweza mawu a mtundu womwe uja anasiyidwa nawo pageti? Sindikudziwa. Pena ndimaganiza zomufunafuna ndimuuze za maso a bambo ake, pena ndimakumbukira kuti ndinalonjeza, komanso kuti mwana amene ananamizidwa kuti akwere ndege sayenera kukokedwanso ndi chisoni. Bambowo asanachitidwe opaleshoni kwatsala ma Lachitatu owerengeka, ndipo bwalo la sabata yamawa silikhala lomwe lija.

Kuyambira Lachinayi a Kamwendo amandiimbira m'mawa uliwonse. Safunsa za ana, safunsa za kwaya. Amati mwina foni yawo ili ndi vuto, nditumize uthenga woyesera. Ndimatumiza. Imalira. Amati, "Yafika, zikomo mayi," n'kudula msanga kuti laini isatangwanike.

Inu amene mwayamba kale kufunsa mitengo ya matikiti a holide ya chaka chino, pasipoti ya mwana mwaibisa kale m'thumba la jekete, ndikufunseni: tsiku limene mudzafune kudziwa kumene akusewera, mudzafunsa yani?